Kuwolotsa Adelaide pa Mlatho

Tsiku limenelo ku Glen Norah kunali mphepo ya fumbi, ija imanyamula mapepala apulasitiki n'kukawakoleka pa mawaya. Magetsi anabwera dzuwa lili paliwombo, mwina wina ku ofesi anagonera batani, ndipo nthawi yomweyo anatulukiranso mkamwini wanga Knowledge kudzatenga makina ake a gemu, chifukwa madzulo ake iye ndi mwana wanga Loveness ankakwera basi ya ku Joni.

Makinawo anawasiya kwathu kuti mkazi wanga Adelaide azitayira nthawi matenda atamugoneka. Gemu yake inali yowombera ndondocha mumzinda wakufa. Adelaide analemba dzina lake pa mkazi wa mu gemumo, wa kabudula ndi chikwama kumsana, n'kumuyendetsa mpaka pa mlatho wotulukira mumzindawo. Pamenepo zala zinamukana. "Mudzandiwolotse inu," anatero. Chimwalirireni iye, magetsi akabwera ndinkayesa. Ndinali ndisanamuwolotse.

Knowledge ananjuta pakhomo n'kuwomba m'manja. "Bambo, ndabwera kudzatenga makina."

"Ndikuona."

"Ndizule?"

"Zulani. Apongozi anu agwere mumtsinje."

Anayang'ana pa tivi. "Sangagwe, bambo. Mlathowu uli ndi zitsulo m'mbali." Kenako anasuzumira bwino. "Aa! Amayi akadali pamlatho pomwe paja?"

"Akupitidwa mphepo."

"Mu gemu imeneyi mulibe zopitidwa mphepo. Munthu ukaima zimakupeza."

"Zikomo, aphunzitsi."

"Sindinaphunzitsepo, bambo. Ndinkawotcherera zitsulo ku Graniteside fakitale isanatseke."

"Khalani pansi."

Anakhala pa simenti, mpando uli pomwepo, chipewa pa bondo. Anati basi ikadali kutali, ndiye andionerere kamodzi kuti aone pamene pakuvuta. Ndinayendetsa Adelaide. Ndondocha zinatuluka kuseri kwa magalimoto akufa. Ndinawombera mpaka kamfuti kanayamba kulira ngati loko wopanda kiyi. Ndinafika pa msilikali wogona chagada pafupi ndi ambulasi, n'kugwaditsa Adelaide pang'ono. Atadzuka, zinali zitamuzungulira. Tivi yonse inafiira.

"Mwafa, bambo."

"Ndimayesa ndakwatira."

"Ayi, mwafa. Akalemba zofiira chonchi ndiye kuti munthu wafa. Za ukwati mulibe."

"Pitirizani."

"Vuto ndaliona, ndipo ndi laling'ono. Msilikali uja ali ndi zipolopolo lamba yense. Mukafika pamene wagona, musagwade. Dinani batani la mtanda, mutenge."

"La mtanda?"

"Ehe."

"Ndiye lobera akufa?"

"Lotengera, bambo."

"Zipolopolo ndi zake."

"Koma iye wafa."

"Ndiye?"

"Sakuzigwiritsa ntchito."

"Nsapato zanu za kutchalitchi mukuzigwiritsa ntchito panopa?"

"Ayi."

"Nditenge?"

Anaganiza ndithu, maso ali kudenga. "Zikuthinani, bambo. Phazi lanu ndi lalikulu. Koma mchimwene wanga ali ndi zina."

Ine ndine tcheyamani wa sosaiti ya maliro ya anthu a kwathu amene tili m'dziko la eni lino, kuyambira tili pa famu mpaka tabwera m'tauni muno. Lamulo lathu ndi limodzi lalikulu: katundu wa womwalira sakhudzidwa mpaka abale atakhala pansi n'kugawa. Ndinamukumbutsa.

"Lamulolo ndikulidziwa," anatero. "Koma uyu si munthu weniweni."

"Ali ndi dzina pachifuwa."

"Analemba ndi opanga gemu."

"Lanu analemba ndani? Inu?"

"Bambo anga."

"Basi. Itanani abale ake adzagawe."

Anatenga rimoti yachiwiri n'kuyamba kudina. Pa tivi panabwera mawu, panachoka mawu. Ndinamusiya. Patapita kanthawi anapukusa mutu.

"Ndafufuza paliponse, bambo. Pali zochepetsa phokoso, pali zowalitsa chithunzi, pali zosintha chilankhulo. Za abale palibe."

"Ndiye ndi mlendo. Ngati ife."

"Mlendo akafa amatani?"

"Amaikidwa ndi sosaiti."

"Ndi chifukwa chake mumagwada?"

"Ndilibe fosholo."

"Fosholo ilipo kumayambiriro kwa gemu, koma ndi yomenyera."

"Dziko latha."

"Inde bambo, ndiye nkhani yake ya gemuyi."

Babu la padenga linaphethira. Tonse tinaliyang'ana. Linakhalanso bwino, koma tinadziwa kuti wogonera batani uja wayamba kutembenuka.

"Chabwino, tisiye za msilikali," anatero Knowledge mofulumira. "Njira yachiwiri. Musamenyane nazo zonse. Zipolopolo sizingakwane. Kumanzere kwa mlatho kuli mpata pakati pa basi ndi zitsulo. Thamangani, mudutse pamenepo."

"Adelaide sathamanga."

"Amathamanga. Mukanikiza batani lapansili."

"Tsiku limene tinachotsedwa pa famu, anthu onse liwiro. Iye ankayenda, nkhuku kukhwapa, akukonza duku."

"Nkhukuyo inapulumuka?"

"Tinadya."

"Chabwino. Njira yachitatu. Ndaona kuti mukuwombera miyendo."

"Inde."

"Ndi chifukwa chake zikukutsatirani chokwawa. Womberani m'mutu. Chipolopolo chimodzi, yagwa."

"M'mutu?"

"Pakati pa maso penipeni."

"Abale adzaona bwanji nkhope?"

"Abale ake a ndani?"

"A ndondochazo. Zinabadwa pa mtengo?"

"Bambo, tapeza kale kuti abale mulibe."

"Simunafufuze bwino."

Anatenganso rimoti.

"Ikani pansi."

Anaika. Anapukuta thukuta ndi chipewa. Knowledge akapanikizika Chichewa chimayamba kumuthawa, n'kubwerera ku chilankhulo cha kwawo. "Aiwa, baba, tamverani. Ngakhale mankhwala okha. Kumbuyo kwa ambulasi kuli kabati. Mukatsegula mupeza mankhwala, amayi achira, magazi abwerera."

"Mankhwala."

"Ehe."

"Mu kabati."

"Ehe."

"Popanda mzere? Popanda kuuzidwa kuti mukagule kwina?"

"Mumangotenga basi."

"Opanga gemu ndi anthu a nthabwala."

"Ayi, bambo, iyi ndi gemu yoopsa. Ya nthabwala ndi ina, ya galimoto."

Ndinayambanso. Ndinawombera miyendo. Ndinagwada pa msilikali. Tivi inafiira. Knowledge anatsegula pakamwa.

"Ndaona," ndinatero.

Foni yake inalira. Anali Loveness. Mawu ake ankamveka mpaka pamene ndinakhala: katundu wamanga kale, anthu ayamba kulimbirana malo, makina aja ndiwo akawathandize kuyamba moyo kumeneko, asawaiwale, ndiponso asachedwe ndi nkhani za bambo. Knowledge anayankha kuti "ehe" kasanu ndi kawiri, kapena kuposa, n'kuika foni m'thumba.

"Akuti ndisachedwe ndi nkhani zanu."

"Ndili nazo zambiri."

"Ayi, bambo, inu simulankhula kwenikweni." Anasendera pafupi. "Tandiuzani. Mwa lamulo la sosaiti, zipolopolo mungazilandire kwa ndani?"

"Kwa mwini wake, ali moyo."

"Gemu silola kupatsana. Munthu amasiya zinthu akafa basi."

"Ngati anthu ena a mumzinda muno."

"Ati?"

"Asiyeni."

"Nanga atafa wachibale wanu?"

"Ndiye ifani inu, nditenge."

Nkhope yake inawala. "Zitheka!"

Ndisanayankhe anali atadina kale. Pafupi ndi Adelaide panatulukira mwamuna wa ndevu, lamba wodzaza zipolopolo. Knowledge anati ameneyo ndi iyeyo, gemu imalola anthu awiri. Kenako anaimirira, anakonza kolala, n'kuwomba m'manja katatu.

"Ine Knowledge, mutu wanga ukugwira bwino ntchito, ndikuti ndikafa zipolopolo zanga zonse zipite kwa apongozi anga, bambo Fanwell."

"Mboni?"

Anayang'ana uku ndi uku. "Amayi," anatero, akuloza pa tivi.

Anayendetsa wandevuyo molunjika pakati pa ndondocha, manja ali pansi. Sizinachedwe naye. Zitamaliza zinabalalika pang'ono, lamba ali mbee pa phula.

"Ndafa, bambo. Tengani."

Ndinayendetsa Adelaide mpaka pamtembo. Ndinamugwaditsa.

"Mtanda, bambo! Dinani mtanda!"

"Mkazi wanu wauzidwa?"

"Loveness?"

"Muli ndi wina?"

"Ayi!"

"Wamasiye ayambe wamva. Akwanu abwere. Tigone pa maliro. Kugawa ndi pambuyo."

Anatulutsa foni.

"Mukutani?"

"Ndikumuuza kuti ndafa."

"Bwezani m'thumba!"

"Koma bambo, ndine mwini wake, ndipo ndili pompano. Ndikuti tengani!"

"Mtembo sulankhula pa nkhani ya katundu."

Anatseka pakamwa. Anatsekadi, milomo mpaka kulowa m'kati. Ndinapitiriza kugwada mwaulemu. Kenako ndinamva akuwomba m'manja. Ndinati ndi ulemu wa maliro. Anawomba kwambiri, akudumpha ndi matako pa simenti, akuloza pa tivi ndi chibwano, maso ali tong'o. Chindondocha chachikulu, chovala ovololo, chinagwira Adelaide kuchokera kumbuyo. Kufiira.

"Munachiona?"

Anagwedeza mutu.

"Bwanji osanena?"

"Munati mtembo sulankhula."

"Ukani."

"Zikomo, bambo."

Babu linaphethiranso, kawiri. Kwa aneba firiji inabuula ngati ng'ombe yodwala. Panja amayi ena ankakuwira ana kuti amalize kusita msanga. Ndinayang'ana Adelaide ataimanso pa chiyambi cha mlatho, kamfuti m'manja, mphepo ya mu gemu ikumuwombera tsitsi. Madzulo adzakhala m'katoni, pansi pa mpando wa basi, akadali tsidya lino.

Knowledge anatsitsa mawu. "Tiyeni tione zimene zatsala, mwina muli kampeni. Tsegulani chikwama."

"Chiti?"

"Cha amayi, chili kumsanacho. Batani lapamwambali."

"Ayi."

"Lawonongeka?"

"Lili bwino."

"Ndiye mumatsegula ndi liti?"

"Sinditsegula."

Anandiyang'ana ngati ndalankhula Chitchaina. "Chiyambire? Miyezi yonseyi?"

Ndinamulozera kuseri kwa chitseko. Pa msomali panali chikwama chakuda cha Adelaide weniweni, chija ankapita nacho ku tchalitchi, ku maliro ndi ku chipatala, zipi wake ali chitsekere monga anachisiyira.

"Icho munandiona nditatsegula?"

"Ayi."

"Ukwati wonse sindinalowetsemo dzanja. Mwamuna wolongosoka sapisa m'chikwama cha mkazi."

"Ngakhale akakutumani makiyi?"

"Umanyamula chonse n'kumupatsa."

"Koma bambo, mu gemu imeneyi zinthu zonse zimakhala m'chikwama! Kamfuti ako ndi koyambira chabe. Maiwe! Mwakhala mukumenya nkhondo ndi supuni!"

"Ndi bwino."

"Si bwino, mwafa kambirimbiri."

"Ndiye tsegulani inu. Mkamwini apise m'chikwama cha apongozi ake. Mukatero mukagonenso pa bedi langa."

"Pa bedi ayi, bambo, nthawi yatha," anatero, n'kutambasula dzanja n'kudina batani pa rimoti yanga.

"Mwatani?"

"Mwandiuza nokha."

Ndinafuna kuyang'ana kumbali. Maso anakana. Tivi yonse inadzaza timabokosi, ndipo kabokosi kopanda kanthu panalibe. Knowledge anayamba kutchula, chala chili pa galasi.

"Mfuti yaikulu. Ina yaikulu kuposa iyo. Mabomba a m'manja. Zipolopolo, zipolopolo, izinso zipolopolo. Mankhwala okwana chipatala. Tochi. Nsapato za usilikali. Mawotchi a pamkono mulu."

"Anagula."

"Mulibe sitolo, bambo."

"Anapatsidwa."

"Gemu silola kupatsana, ndanena kale."

"Anatola."

"Ehe, anatola. Pa anthu."

"Amoyo?"

"Amoyo salola."

Ndinayang'anitsitsa mawotchi aja. Iye anaona ngati ndikufuna kumva zambiri.

"Ndinkawaona Lamlungu tikabwera kudzawazonda, inu muli ku msonkhano wa sosaiti. Amayi sankadutsa mtembo. Aliyense ankamusecha, matumba onse, mpaka masokosi. Ankaimba nyimbo ya ku tchalitchi uku akuvula munthu lamba. Ena ankachita kuwabwerera, ati mwina ndaiwala thumba la m'kati."

"Adelaide."

"Ehe."

"Amene anayendetsa mayi wina kuchokera ku Msasa kudzabweza supuni ya pa maliro."

"Omwewo. Supuniyo ndikuikumbuka."

"Mawotchi ndi a chiyani?"

"Alibe ntchito mu gemu. Ankati ndi okongola."

Panja mphepo inagwetsa lata la pa khola la aneba. Knowledge anayang'ana nkhope yanga, kenako anagwada bwinobwino n'kuwomba m'manja pang'onopang'ono.

"Pepani, bambo. Tsopano lamulo ndalimvetsa. Katundu yenseyu ndi wa eni ake, sanagawidwe. Sitingamugwiritse ntchito. Pali batani lotayira. Nditaye zonse mumtsinje, amayi awoloke oyera."

Chala chake chinali kale m'njira.

"Siyani!"

Anadzidzimuka. Inenso. Mawu otero ndinali ndisanawatulutse chiikireni maliro.

"Koma katundu wa akufa, bambo..."

"Tinagawa."

"Liti?"

"Maliro a Adelaide atatha. Munalipo. Munkawaza nkhuni."

"Ndikukumbuka. Nkhwangwa inali yobuntha."

"Madiresi?"

"Kwa achemwali awo."

"Mapoto?"

"Kwa Loveness."

"Zotsala zonse za m'nyumba muno?"

"Anati ndi zanu."

"Tivi ili kuti?"

Anayang'ana tivi, anayang'ana makoma. "M'nyumba."

"Basi."

"Nanga kumene amayi anazitenga?"

"Akayankha yekha. Pakamwa ali napo."

"Ndiye lamulo likuti..."

"Tcheyamani ndi ndani?"

"Inu."

"Bomba amaponya bwanji?"

Anandisonyeza. Anati ndidikire ziunjikane pakati pa ambulasi ndi basi, ndisaponye zikadali zobalalika. Ndinadikira. Zinaunjikana ngati anthu amene amva kuti buledi wafika. Ndinaponya. Mawindo a nyumba yanga ananjenjemera.

"Mfuti yaikulu tsopano! Musayime pakati, msana ukhale ku zitsulo! Icho cha ovololo chikubwera!"

Ndinachiwombera pakati pa maso.

"Bambo! Nkhope! Abale adzaona bwanji?"

"Bokosi lotseka."

"Zimaloledwa?"

"Pa ngozi."

"Dzazani mfuti musanakhote, osati zitakufikani! Mankhwala, imwani mankhwala, magazi atsika!"

Adelaide anamwa. Anachira pomwepo, mzere wofiira wa magazi ake pa tivi n'kubiriwira. Pamenepo chala changa chinaima pang'ono. Knowledge sanaone, ankakuwa.

"Kumanzere! Pa mpata paja! Koma pamafunika liwiro, ndipo munati amayi sathamanga."

"Lero wavala kabudula."

Ndinakanikiza batani lapansi. Anathamanga. Sindinamuonepo akuthamanga chotero, chikwama chikudumpha kumsana, mawotchi onse a anthu ali m'kati. Babu linachita mdima, n'kuyakanso mofooka. Zitsulo za mlatho zinatha. Mapazi ake anaponda dothi. Kumbuyo chigeti chinagwa n'kutsekera ndondocha tsidya lija, ndipo kutsogolo kunali msewu wopanda munthu, udzu, ndi kuwala ngati kwa m'mawa.

"Awoloka," anatero Knowledge chapansipansi.

"Zasungika?"

"Zasungika zokha. Ngakhale magetsi athime, ali tsidya ilo."

Ndinamuyendetsa pang'ono, osathamanga. Pamphepete pa msewu panagona msilikali wina, mkono uli pa udzu, chinthu chikunyezimira padzanja. Knowledge anachotsa chipewa pa bondo n'kuchigwira pachifuwa.

"Uyu ndiye alibe aliyense, bambo. Mlendo ngati ife. Tigwade."

"Wotchi iyo ikuyenda?"

Anasuzumira. "Ikuoneka yatsopano."

"Adelaide sakanamusiya nayo," ndinatero, n'kudina mtanda.

Magetsi anathima. Knowledge anazula makina ake, anawakulunga m'thaulo, ndipo ndinamuperekeza mpaka pa msewu. Nditabwerera ndinatsitsa chikwama chakuda pa msomali, ndinakhala pa bedi, n'kutsegula zipi.